Mbereko ya Abiti Twalibu

"Nsalu imene mwagwira nayo ntchito isakhudze mwana," anatero a Wadson m'mawa wina, ataima pakhomo la shedi yosefera laimu. "Ndikuuza nonsenu. Wofuna kunyamula khanda ayambe wasamba, asinthe nsalu."

Azimayi osefa aja anayang'anizana, kenaka n'kuseka.

"Che Wadson," anatero Bernadetta, mayi wa pakamwa posatseka amene ankatsogolera gululo, "ana anu aja munawalerera m'botolo eti? N'chifukwa chake ali owala chonchija."

"Sekani," anatero a Wadson, n'kubwerera kukachipinda kawo koyezera mankhwala.

A Wadson anali katswiri wosakaniza mankhwala pa fakitale ya Chiswamwala, kunja pang'ono kwa tawuni ya Balaka, ndipo kuchenjeza inali ndiwo yawo ya tsiku ndi tsiku. Ankachenjeza za nsapato, za maso, za kudyera pafupi ndi migolo ya soda wopangira sopo. Anagawapo masiki, koma azimayi ankati amawatentha kumaso, ndipo ena anakapatsa amuna awo akabaza kuti azitchingira fumbi la mumsewu. Laimu akafuka, mayi aliyense ankangokoka nsonga ya chitenje n'kuphimba mphuno, monga ankachitira amayi ake popuntha mapira. Choncho mawu a m'mawa uja anakagwa kumene ankagwera anzake onse.

Munthu mmodzi yekha anawatola, ndiye Ida, amene ankadutsa ndi mwana wake Kumbu kumbuyo. Koma Ida ankatola chilichonse. Pamene anzake ankaona mthunzi wa mango, iye ankaona bango lolunjika paliwombo la mwana. Ankagwira pamphumi pa Kumbu potuluka m'nyumba, n'kugwiranso pofika pachipata, ngati malungo angamulowe panjira. Bernadetta anamutcha Nangozi, dzinalo n'kumata.

Kwawo kunali kwa Mposa, mphepete mwa phiri la Chikala. Atamaliza Fomu 4 anakwatiwa ndi Ganizani, woyendetsa lole ya fakitaleyo, ndipo Ida anapatsidwa ntchito yolongedza choko cha m'sukulu m'makatoni. Ankakhala mumzere wa nyumba za antchito, mbali imene mphepo inkakonda kukankhira utsi wa ng'anjo. Kumbu anali akuyamwa, atangoyamba kukwawa, ndiye Ida ankapita naye kuntchito n'kumukhazika m'katoni yaikulu pakona, kumene kunalibe fumbi lambiri.

Mwini fakitaleyo anali Abiti Twalibu. Anayamba ndi malemu amuna awo, ali ndi ng'anjo imodzi yadothi ndi ngolo yobwereka yotutira miyala yoyera kumapiri. Ankawotcha miyalayo mpaka ipse, kenaka n'kuiwaza madzi, iyo n'kutupa, n'kutulutsa nthunzi, n'kuphwanyika yokha kukhala ufa. Ufawo ankaugulitsa m'zidebe pamsika wa Balaka. "Ine Mulungu anandipatsa nyengo ziwiri zokolola," ankatero. "Idi ikayandikira, Asilamu anzanga akupaka nyumba. Novembala akafika, Akatolika akupaka manda." Amuna awo atamwalira anthu ankati zathera pomwepo. Iwo anamanga ng'anjo yachiwiri yanjerwa, nakwera basi ya ku Blantyre, n'kubwerako ndi a Wadson. A Wadson ndiwo anabweretsa choko, penti wa madzi, laimu wothira m'minda yotopa, ndi sopo wa mafuta a njere za thonje. Tsopano matumba a Chiswamwala ankafika ku Zomba ndi ku Mangochi, ndipo mabanja odyera pampandapo anali ochuluka ngati mudzi.

Koma chuma chikakula pakhomo popanda mwana, anthu sasowa chonena. Ankanong'onezana kuti Abiti Twalibu anakhwima, kuti mimba yawo anaipereka ku ng'anjo. Palibe ananenapo zimenezi pamaso pawo. Ankawapatsa moni mogwada, mpunga wawo wa pa Idi ankadya mpaka kunyambita zala. Kungoti Abiti akafika pamene pali khanda, mayi wake ankapeza chifukwa. Wagona. Wanyowetsa. Akudwala maso, angakupatsireni.

Tsiku limene Ida anabwerera kuntchito ndi Kumbu, Abiti analowa m'chipinda cha choko kudzaona ngati zikombole zatsopano zikugwira bwino. Anaima pa katoni ija. "Ajimwiche uli, bwana wamng'ono?" anatero, kumupatsa moni wa m'mawa m'Chiyao. Manja awo anatambasuka okha, kenaka anayamba kubwerera, ngati munthu wakumbukira kuti poto ndi wotentha.

Ida sankadziwa mphekesera zija. Mantha anali nawo, inde, awiri: kuopa kuti mayi wamkuluyo angagwetse mwana, ndi kuopa kubweza manja a munthu wamkulu ali opanda kanthu. Achiwiriwo anapambana. Ananyamula Kumbu n'kumuika m'manja muja.

M'chipindamo munangoti zii. Abiti anaima chilili, atagwira mwanayo ngati beseni lodzaza madzi.

"Mutuwu ndiutani?" anafunsa monong'ona.

"Wakhwima kale khosi, amayi. Ingomutsamizani paphewa."

Kumbu anagwira mpango wawo, naukokera kukamwa, n'kuyamba kuutafuna. Abiti anaseka kuseka kumene antchito akale ankati sanakumvepo chimwalirireni amuna awo.

Madzulo ake Bernadetta anamukokera Ida kuseri kwa mjigo n'kumuuza zonse. Ida anagona akusuzumira mwana ngati akupuma. Koma m'mawa anapeza Abiti ataima pachipata, akunamizira kukambirana ndi mlonda, nthochi yakupsa ili m'manja. Anawapatsanso mwanayo.

Kuyambira pamenepo inakhala ntchito. Dzuwa likakwera pang'ono, Abiti ankasuzumira pakhomo la chipinda cha choko. "Bwera nawo amuna anga, akayendere chuma chawo." Ankavula chitenje chobiriwira chimene ankafunda paphewa tsiku lonse, Ida n'kuwathandiza kumanga mwana kumbuyo, ulendo n'kuyamba. Ankayambira kung'anjo, kumene amuna ankaponya malasha ndi miyala mosinthanitsa. "Mukuona, bwana, moto ukachepa mwala umapsa kunja kokha, mkati muli mwawisi. Ameneyo ndi wakuba, amalemera m'thumba koma sapaka khoma." Ankapita pabwalo lowazira madzi, ku shedi yosefera, kumigolo ya penti, mpaka kumene sopo ankaumitsidwa m'matabwa ataliatali asanadulidwe ndi waya. Paliponse ankafotokozera Kumbu, Kumbu n'kumayankha m'chinenero chake.

Antchito ankamuchitira sawatcha. "Abwana, auzeni akazi anuwa kuti Loweruka tiziweruka msanga."

"Akuti mugwire ntchito, aulesi inu," ankatero Abiti.

Fumbi likafuka ku shedi, Abiti ankakokera nsalu ija pamutu pa mwana kuti amuteteze. Akatopa msana, Bernadetta ankamulandira m'chitenje chake, chomwe chija chophimbira mphuno, akuti, "Bweretsani kuno, mwamuna sakhala wa mmodzi." Zinafika poti mayi wina wodula sopo, Lukiya, anadzutsa yekha kamtsikana kake n'kukapereka kwa Abiti kuti akagwireko. Palibe ananenapo kanthu, koma aliyense anaona.

Kumbu ankabwerako ali ndi nsidze zoyera ngati nkhalamba, anthu n'kumaseka. Ida naye ankaseka. Kenaka ankapita naye pakona, n'kunyowetsa nsonga ya kansalu, n'kumupukuta m'mphuno. Kansaluko kankatuluka katayera ndi fumbi la laimu. Mawu a a Wadson ankamubwerera, koma akatsegula pakamwa Bernadetta ankamudula: "Nangozi wayamba. Lero tifa ndi chiyani, mphenzi?"

Chifuwa chinayamba nyengo yotentha, mphepo itauma. Poyamba kanali kakutsokomola ka m'mawa. Kenaka Ida anayamba kumva kamluzu m'chifuwa mwa mwana akamapuma, ndipo poyamwa ankalekeza pakati kuti apeze mpweya. Tsiku lina sanapite kuntchito. Anakwera kabaza wa kuchipatala.

Dokotala anamvetsera kutsogolo, namvetsera kumbuyo. Anafunsa ngati amaphikira m'nyumba, ngati bambo ake amasuta. Kenaka anafunsa kumene amakhala.

"Kwa Chiswamwala," anatero Ida. "Kopanga laimu."

Dokotalayo anaika cholembera pansi. "Mankhwala ndikupatsani, mayi. Koma amene akufunika kwambiri ine ndilibe, ndiwo mpweya wabwino. Mwanayu achoke pafumbi. Chifuwa cha mwana sichili ngati chanu, ndi kanthu kakang'ono. Mukachedwa mudzabwera naye akubanika, ndipo ine sindifuna kudzakuonani tsiku limenelo."

Pobwerera Ida anakumana ndi Bernadetta pamjigo. Ulendo uno sanamutche Nangozi.

"Akuti bwanji?"

Ida anamuuza. Bernadetta anatula ndowa pansi, nayang'ana uku ndi uku.

"Anthu ayamba kale, mwanawe. Akuti chigayo chatsopanocho chikufuna chizimba, ndiye mwana wayamba kufota."

"Inunso mukutero?"

"Ine? Ine ndamunyamula mwanayu ndi nsalu yangayi, ndinganene chiyani? Ndikungokuuza kuti mawa ukawakaniza Abiti mwanayu, mpanda wonse udziwa kuti nawe wavomereza. Ndipo Lukiya sadzawapatsanso wake. Palibe adzawapatsenso."

Chigayo chimenecho chinali chitangofika kumene, chachikulu kuposa nyumba ya Ida, chogaya miyala yaiwisi kukhala ufa wa penti ndi wa m'munda. Mawa lake ndilo linali tsiku lochiyatsa. Abiti anali ataitana shehe ndi abambo mfumu a ku parishi kuti aliyense adzapemphere m'njira yake, mpunga unali utagulidwa, mbuzi ili pachingwe. Ndipo Abiti anali atalengeza kale kuti batani lidzadinidwa ndi chala cha Kumbu, ali kumbuyo kwawo.

Ida anapeza Ganizani akumanga matumba palole. Anali woti anyamuke m'bandakucha kupita nawo ku Zomba.

"Ungowauza kuti wagona," anatero Ganizani atamva zonse.

"Mawu amenewo ndi amene akhala akuwamva moyo wawo wonse."

"Ndiye uwauze zoona."

"Kawauzeni ndinu, bambo ake a mwana."

Ganizani anakanda m'mutu. Anali munthu woti ankatsika ndi lole yodzaza m'makhotakhota a ku Machinga akuimba nyimbo, koma Abiti akangomuitana dzina, chipewa chinkagwa chokha. "Ine pakamwa panga pamalemera," anatero. "Iwe amakumvera. Koma Ida, mwanayu asafike potigoneka kuchipatala chifukwa cha ulemu."

"Ndikudziwa. Khoswe wakhala pamkhate."

Anapita kwa a Wadson. Anawapeza akuthira timadzi m'timabotolo, akuyang'ana mtundu wake pawindo.

"Ndinanena ine," anatero asanamalize n'kumva komwe.

"Munanena kwa onse, bambo. Kwa Abiti munanena?"

A Wadson anavula magalasi n'kuyamba kuwapukuta, ngakhale anali oyera. "Ine mayi aja ndimawauza kuti ng'anjo yang'ambika, kuti sopo wakana, kuti alakwitsa kugula mafuta. Amandikalipira, n'kutha. Koma tsiku loyamba lija ndinali pakhomo. Ndinaona nkhope yawo." Anavalanso magalasi. "Ndikuuze china, poti wafunsa. Chigayochi chinayenera kubwera ndi matumba ogwira fumbi. Sanafike, ndipo mwina mpaka mvula itagwa. Chikayamba kulira mawa, mzere wanu uja muziyala zovala zakuda n'kuanula zoyera. Ngakhale atapanda kumunyamula wina aliyense, mwanayo pano si pake."

Ida anatuluka. Sanapite kunyumba. Analunjika kumsika, nalowa mwa ogulitsa nsalu, n'kusankha chitenje chimodzi. Anachigwiragwira, nachinunkhiza, nafunsa ngati sichisuluka mtundu mwana akachitafuna, mpaka wogulitsayo anamufunsa ngati akugula nsalu kapena akufunsira mbeta.

Dzuwa linali litapendeka pamene anafika kunyumba kwa Abiti, kuseri kwa ofesi. Anawapeza atangomaliza kuswali, akupinda mkeka wawo wopemphererapo. Kuwala kunkalowa pakhomo mopingasa, kofiirira.

"Odi, amayi."

"Lowani, lowani. Eee, amuna anga abwera kudzapepesa? Lero simunaoneke kuntchito, bwana. Mwapeza mkazi wina?"

Kumbu atamva mawuwo anayamba kudumphadumpha kumbuyo kwa mayi ake. Abiti anatambasula manja. Ida sanamasule nsalu. Anagwada pafupi ndi khomo.

"Tinali kuchipatala, amayi."

"Kachifuwa kaja? Akuti chiyani?"

"Akuti achoke pafumbi."

Manja aja anakhalabe m'mwamba kanthawi. Kenaka anatsika pang'onopang'ono, nakagona pamiyendo.

"Wagona eti," anatero Abiti motsitsa mawu, akuyang'ana mwana amene anali maso gwa, akuwatambasulira timanja. "Kapena wanyowetsa. Sankhapo amodzi, mwanawe. Usavutike ndi kupeka za madokotala. Akalewo ndinawazolowera."

Ida akanatha kupepesa n'kutuluka chammbuyo, ndipo miyendo yake inkafuna zomwezo.

"Iyayi, amayi," anatero. "Ali maso, ndipo ndi wouma. Ndibwerekeni nsalu yanuyo."

"Nsalu yanga yatani?"

"Ndibwerekeni chabe."

Abiti anamuyang'ana nthawi yaitali. Kenaka anavula chitenje chobiriwira chija n'kumuponyera. Ida anatsitsa Kumbu, namukhazika pamphasa mkati mwenimweni mwa chipinda, kutali ndi khomo. Anatuluka pakhonde, naima pamene dzuwa linkawomba, n'kukutumula nsaluyo kamodzi.

Mtambo woyera unatuluka, n'kuima m'kuwalako. Unayandama pang'onopang'ono, ngati ufa wothawa m'lichero. Anakutumulanso. Unatulukanso wina. Kenaka Ida anamasula mpango wa kumutu kwake n'kuukutumula nawonso. Fumbi lake linali lochepa, koma linalipo.

"Si inu nokha," anatero. "Ya a Bernadetta ndiye yoposa pamenepa. Yanganso ndi iyi. Tonse tamukonda ndi fumbi lomwe."

M'chipindamo munali bata, ndipo m'batamo Kumbu anatsokomola, kenaka n'kukoka mpweya. Kamluzu kaja kanamveka bwinobwino, kopyapyala ngati ka mwana wa mphaka.

Abiti anatembenuka. "Kameneko," anatero. "Kameneko ndakhala ndikukamva kumsana kwangaku."

"Ndi chifuwacho, amayi."

"Ine ndimati akundiimbira."

Anaphimba pakamwa ndi dzanja. Ida anayang'ana pansi, chifukwa misozi ya munthu wamkulu siyang'anidwa. Kumbu, posadziwa kanthu, anakwawa n'kukagwira chala cha kuphazi kwawo. Abiti anasuntha phazilo, kenaka anazindikira kuti mapazi anali atangowasambitsa poswali, ndiye analibwezera pomwepo.

"Wadson uja amadya chiyani pano?" anatero mwadzidzidzi, akupukuta m'maso ndi chikhatho. "Munthu wophunzira, osanena?"

"Ananena, amayi."

"Liti?"

"Kalekale. Pakhomo la shedi. Tinaseka."

Abiti anaseka pang'ono m'mphuno. "Ananenadi. Ndinali kumigolo ya penti, ndinamva. Ndinati ayamba a Wadson." Anapukusa mutu. "Ndiye ndisamamunyamule. Chabwino. Ndizimuonera pawindo ngati katundu wa m'sitolo."

"Sizikwanira." Ida anawauza za matumba ogwira fumbi amene sanafike, ndi za mphepo yolowera kumzere wa nyumba. "Ndikufuna ndipite naye kwa Mposa, kwa amayi anga, mpaka chifuwa chitapola. Lole ya bambo ake ikupita ku Zomba m'bandakucha. Titsika panjira n'kukwera kabaza. Ntchito yanga ya choko, kaya mudzandisungira, kaya ayi, ndinu mudziwa."

"Choko sichithawa." Abiti anayang'ana kukhoma. "Pita. Koma usadzere pano kudzatsanzika. Ndikamuona m'mawa ndimunyamula, ndikudzidziwa."

"Anthu adzati ndamuthawitsa."

"Anthu ananena ndili mtsikana, ananena ndili wamasiye. Pakamwa pawo sipandidyetsa."

"Lukiya sadzakupatsaninso wake."

Pamenepo Abiti anangoyang'ana Kumbu, amene tsopano ankayesa kuimirira atagwira mwendo wa mpando.

Ida anatsegula kachikwama kake n'kutulutsa chitenje chatsopano chija, chikadali chopindika monga anachipindira wogulitsa. Anachigwira ndi manja awiri, nayenda chogwada, n'kuchiika pamiyendo pawo.

"Munthu sathawa limodzi ndi chimene akuchithawa," anatero. Mawuwo anali atawakonza njira yonse yochokera kumsika. "Musambe, musavale chilichonse cha kuntchito. Mumunyamule ndinu. Mutuluke naye pachipata alonda akuona, ndi azimayi a pamjigo akuona, poti a Bernadetta amalawirira madzi. Mukatsike naye kwathu, amayi anga akamulandire kuchokera kumsana kwanu. Akanene tsopano."

Abiti anayang'ana nsaluyo osaikhudza.

"Mawa kuli chigayo, mwanawe."

"Ndikudziwa, amayi."

"Shehe akubwera. Abambo mfumu akubwera. Chigayo chimenechi ndinayamba kuchilota ndikusefa laimu ndi neti ya udzudzu, iwe usanabadwe."

"Ndikudziwa. Pepani. Ndalankhula mopitirira msinkhu."

Ida anayamba kudziwerengera zolakwa zake: wauza bwana wake kuti asambe, wamuuza kuti ajombe paphwando lake lomwe, wakutumula nsalu ya munthu wamkulu pakhonde ngati ya mwana wosukulu. Anaganiza zoti atenge Kumbu atuluke, asanachimwenso china.

Abiti anafunyulula chitenjecho. Chinali chachikasu, cha maluwa akuluakulu ofiira. Anachinunkhiza.

"Nsalu ya atsikana iyi. Ukufuna anthu a kwa Mposa akati bwana wako ndi wopenga?"

"Ndi yokhayo imene anandilonjeza kuti sisuluka akaitafuna."

"Wafunsa zimenezo?"

"Ndafunsa."

"Nangozi weniweni," anatero Abiti, koma ananena mofatsa, ngati dzina la ulemu. Anapinda nsaluyo bwinobwino n'kukaiika pamwamba pa kabati, kutali ndi zovala zina. Kenaka anapita pakhomo n'kuitana mlonda. "Kandiitanire Che Wadson asanaweruke. Ukawauze kuti batani lija adina okha, poti ndiwo achala chophunzira. Shehe ndi abambo mfumu akapemphera, chilire pang'ono anthu amve, kenaka achizimitse. Za kugaya tidzakambirana ndikabwera, ndi za matumba awo aja. Mbuzi idyedwe, Bernadetta agawe, koma asagawe yekha."

Mlondayo anathamanga. Abiti anabwerera m'nyumba, nayima patali ndi mwana, manja atawabisa kumbuyo ngati akuwaletsa.

"Lole inyamuka nthawi yanji?"

"Tambala woyamba, amayi."

"Uza Ganizani andidikire ndiswali kaye. Ndipo asathamange m'mapiri muja, ndimamumva mbiri yake. Mukhala bwana m'galimotomo." Anaganiza pang'ono. "Kutsogoloko akolope ndi nsalu yonyowa, mipando yomwe. Ndi fumbi lokhalokha mmene muja. Chipewa cha mwanayu chilipo? Ku Machinga kumazizira m'mawa. Mankhwala uike m'chikwama cha m'manja, osati m'katundu wa kumbuyo. Nanga akabaza a kwanuko amayendetsa bwanji? Ine sindikwera ndi mwana pa njinga ya mnyamata woledzera."

Ida anali atatsegula kale pakamwa kuti anene za chipewa, za mankhwala ndi za akabaza. Anapatseka. Ananyamula Kumbu, namuponya kumbuyo, n'kumanga nsalu.

"Ndikalongedze, amayi," anatero.

"Kalongedze. Ine ndikateleke madzi osamba, mutu womwe. Amuna anga asakandikane panjira."